Mawu sakumveka pojambula anthu pa mwambo wolumbiritsa pulezidenti: tichite bwanji?

Anzanga ojambula mafilimu, tithandizeni nzeru. Tikukonza filimu yonena za anthu wamba obwera kudzaonerera mwambo wolumbiritsa pulezidenti, osati akuluakulu a pansanja ayi. Chotidetsa nkhawa ndi mawu. Maikolofoni yapakamera imatola phokoso la masipika ndi nthungululu, moti wofunsidwayo akangotalikira mita imodzi sakumvekanso. Yokoloweka pakolala yopanda waya nayo imadukizadukiza pamalo podzaza mawailesi a apolisi ndi atolankhani, chifukwa mafunde ake amalimbana.

Kodi ndi bwino kuika rekoda yaing'ono m'thumba mwa munthuyo, n'kudzalumikiza mawu ndi zithunzi pambuyo pake, titaomba m'manja poyambira kuti tikhale ndi chizindikiro? Nanga chilolezo cha anthu ngati 20 m'chipiringu chotere mumawasainitsa papepala, kapena amangovomera pakamera basi?