Masikono a tchizi ndi adyo akuphwatalala ndikachulukitsa mtanda

Wamasikono

Moni akuluakulu ndi anzanga onse a pa uvuni. Ndigawireniko nzeru. Ndimaphika masikono a tchizi ndi adyo kunyumba, ndipo ndikapanga ochepa, a ufa makapu awiri, amatuluka bwinobwino, ofufuma, ofewa mkati. Koma maoda akula, tsopano ndikusakaniza ufa wa kilogalamu imodzi kapena awiri nthawi imodzi. Thireyi yoyamba imatuluka yooneka, yachiwiri yophwatalala, yachitatu ndiye musafunse. Pansi pake mafuta okhaokha, pepala lonse lanyowa, tchizi wathawira m'mbali n'kupserera. Adyo wapamwamba nayenso akuwawa. Muyezo sindinasinthe, ndangochulukitsa: pa kilogalamu ya ufa ndikuthira batala magalamu 300, tchizi wa cheddar 400, baking powder 45, mchere 10, ndi mkaka mamililita 650. Uvuni ndimaika pa madigiri 180. Vuto lili pati?

Wamakeke

Achemwali, ine ndikukayikira baking powder. Chitini chikatsegulidwa n'kumakhala m'khitchini mwa nthunzi, mphamvu yake imatha pang'onopang'ono. Tengani theka la supuni yaing'ono, thirani m'kapu ya madzi otentha. Ikachita thovu nthawi yomweyo ndiye ili moyo, ikangokhala duu tayani mugule ina.

Wamasikono

Ndayesa pompano asisi, yachita thovu mpaka kusefukira. Chitini n'chatsopano.

Gogo wa Uvuni

Mwanawe, yankho walinena wekha m'funso lako. Baking powder ikanakhala yakufa, thireyi yoyamba ikanaphwatalala limodzi ndi zinzake, poti mtanda ndi umodzi. Chosiyanitsa thireyi yoyamba ndi yachitatu ndi nthawi basi. Tandiuza zinthu ziwiri. Masikono odulidwa kale amadikira pati pamene anzawo ali mu uvuni? Ndipo mathireyi uli nawo angati?

Wamasikono

Amadikira patebulo pafupi ndi uvuni pomwepo, agogo. Mathireyi ndili nawo awiri, ndiye imodzi ikatuluka ndimachotsa opsawo n'kuyalapo ena.

Gogo wa Uvuni

Basi, wakupha masikono ako ndi ameneyo. Sikono imadzuka ndi zinthu ziwiri, mpweya wa baking powder ndi nthunzi yochokera mu batala. Batala si mafuta okhaokha ayi, pafupifupi magawo 80 pa 100 ndi mafuta, otsalawo ambiri ndi madzi. Timibulu ta batala tikalowa mu uvuni tili tolimba, timasungunuka mochedwa, madzi aja amasanduka nthunzi n'kukankha mtanda m'mwamba, ndipo pamalo pamene panali kambulu pamatsala kampata. Timipata timeneti ndi timene timachititsa kuti sikono izing'ambika m'magawomagawo ukaibenthula. Koma batala akafewa asanalowe mu uvuni, amalowerera mu ufa, otsala amayenderera pansi. Ndiwo mafuta ukuwaona papepalawo.

Tsono batala amayamba kusungunuka pa madigiri 32 mpaka 35, kutsikirapo poyerekeza ndi kutentha kwa thupi la munthu. Patebulo la pafupi ndi uvuni woyaka, theka la ola ndi lambiri. Ndiye n'kudzawayalanso pa thireyi imene yangotuluka kumene pamoto! Pamenepo batala wapansi amasungunuka usanatseke n'komwe chitseko.

Ukadula, onse odikira apite mufuriji, atuluke okhawo amene akulowa mu uvuni. Thireyi yotentha uyambe waiziziritsa, ngakhale kuitsira madzi kunsi kwake n'kuipukuta.

Wamakeke

Agogo, zakumveka, koma ndifunseko. Akadikira mufuriji nthawi yonseyo, baking powder siyamba kugwira ntchito n'kutha mphamvu asanalowe pamoto? Ine anandiphunzitsa kuti ukathira mkaka, thamanga nazo.

Wasikelo

Zimatengera mtundu wake amayi. Onani pachitini. Yambiri yogulitsidwa masiku ano imalembedwa kuti double acting, kutanthauza kuti imatulutsa mpweya kawiri: pang'ono ikakhudzana ndi madzi, wambiri ikamva kutentha kwa uvuni. Yoteroyo mtanda ukhoza kukhala mufuriji ola limodzi kapena kuposerapo osavuta, kuzizira kumachedwetsanso gawo loyamba lija. Lamulo lothamanga limagwira kwambiri pa soda wosakaniza ndi chowawasa monga chambiko kapena mandimu, chifukwa iyeyo amayamba ntchito pomwepo m'beseni.

Koma ine diso langa lili pa 180. Kutentha kumeneko n'kwa keke. Masikono amafuna 210 mpaka 220, mphindi 12 mpaka 15 malingana ndi kukula kwake. Moto ukachepa, batala amasungunuka mwakachetechete mtanda usanalimbe, ndiye ngakhale alowe ozizira amadzaphwatalalabe. Komanso nambala ya pachotembenuzira cha uvuni musamaikhulupirire kwambiri. Ma uvuni ambiri a m'nyumba amaphonya, ena ndi madigiri 15 kapena 20. Ikani thermometer ya mu uvuni pa shelefu yapakati muone chilungamo chake. Ndipo mukatulutsa thireyi, tsekani chitseko mudikire moto ubwerere pamalo pake musanalowetse ina. Thireyi yachiwiri ndi yachitatu zimalowa mu uvuni umene watsegulidwatsegulidwa, ndiye zimapeza moto wochepa kuposa yoyamba.

Wamasikono

Pa 220 tchizi sapserera? Pa 180 pomwepa akundipsererera kale.

Wasikelo

Akupserera ndi amene wathawa m'mtanda n'kugona pachitsulo. Wokhala mkati sapsa motero, mtanda wonyowa umamuteteza. Sikono ikadzuka msanga n'kulimba, tchizi alibe pothawira.

Wabuledi Usiku

Ndiwonjezereko za tchiziyo, poti apa ndi pamene anthu ambiri amaonongera. Magalamu 400 pa kilogalamu ya ufa si ochuluka kwenikweni, koma cheddar ali ndi mafuta pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu, ndiye mwa tchizi yekhayo mwathiramo mafuta ena opitirira magalamu 120 pamwamba pa batala uja. Cheddar wokhalitsa, wakuthwa kukoma uja, ndiye amatuluka mafuta msanga akatenthedwa. Ine ndikanatsitsa batala kufika pa 250 ndione.

Tchizi muzipala ali wozizira, pa mabowo aakulu a gireta. Wa mabowo ang'onoang'ono amasungunukira mu ufa n'kusowa, kasitomala n'kumafunsa kuti tchizi ali kuti. Mukapala muthireni mu ufa wouma mumuvundule kuti kachidutswa kalikonse kavale ufa, kenako ndiye mkaka. Wogula wopalapala m'mapaketi amamuwaza sitachi kapena zina zoletsa kumatana, ndiye sasungunuka bwino ngati wodzipalira wekha, ngakhale m'masikono kusiyana kwake sikukula ngati pa buledi wa adyo, pamene tchizi amakhala pamwamba poyera.

Batala nayenso mukhoza kumupala pa gireta yomweyo atalimba gwa mufiriza. Pa ufa wa makilogalamu awiri, kufikisa ndi zala kumatenga nthawi, ndipo manja anu omwewo amamutenthetsa. Wopala mumangomuwaza mu ufa, kuvundula, basi.

Wophunzira

Pepani akuluakulu, ine ndangoyamba kumene ntchitoyi. Majarini sangalowe m'malo mwa batala?

Wabuledi Usiku

Angalowe achimwene, koma wolimba wa njerwa uja wopangidwira kuphikira. Wofewa wa m'kontena wopaka pa buledi ali ndi madzi ambiri ndipo salimba ngakhale mufuriji, ndiye magawomagawo aja simuwaona. Kakomedwe kokha musayembekeze kuti kafanana ndi ka batala.

Wamakeke

Nkhani ya adyo wowawa ija taisiya m'mbuyo. Achemwali, mumamuika bwanji?

Wamasikono

Ndimasinja wamuwisi, kusakaniza ndi batala, n'kupaka pamwamba asanalowe mu uvuni.

Wamakeke

Ndiye mukakweza moto kufika pa 220 adzawawa kuposa pamenepo. Adyo wosinja ndi tizidutswa ting'onoting'ono ta shuga wambiri ndi madzi ochepa, pamoto waukulu timada m'kanthawi kochepa, ndipo adyo akada kukoma kwake kumasanduka kuwawa. Pakani akatuluka. Sungunulani batala pamoto wochepa, ponyanimo adyo wosinja, mphindi imodzi kapena ziwiri mpaka fungo litamveka koma mtundu usanasinthe, phulani. Masikono akangotuluka, akadali otentha, pakani ndi burashi. Amamwa batala uja bwino kwabasi. Mkati mwa mtanda thirani adyo waufa, supuni zazing'ono zitatu kapena zinayi pa kilogalamu, amafalikira paliponse mofanana. Muonetsetse kuti ndi adyo waufa weniweni, osati wosakaniza ndi mchere, chifukwa tchizi ali kale ndi mchere wake.

Wabuledi Usiku

Apa ndisiyana nanu pang'ono amayi. Waufa kwa ine amamveka za m'paketi. Wamuwisi mkati mwa sikono sapserera, poti mkati kutentha sikupitirira madigiri 100 madzi akadalimo. Kungomusinja bwino kuti munthu asalume chidutswa. Amene ndimamuopa ndi wamuwisi wambiri mu mtanda wa yisiti, chifukwa adyo akaphwanyidwa amatulutsa allicin, chomwe chimapatsa fungo lakuthwa lija, ndipo chimafooketsa yisiti, buledi n'kumafufuma mwaulesi. N'chifukwa chake pa buledi wa adyo ine ndimayamba ndaphika buledi wake payekha, kenako kumucheka, kupaka batala wa adyo m'mipata, kukulunga m'foyilo mphindi 10 pa 190, n'kutsegula, kuwaza tchizi, mphindi zina 5. Baking powder ilibe nazo ntchito zimenezo, si chamoyo.

Wamakeke

Pa kakomedwe sitingagwirizane achimwene, aliyense ndi lilime lake. Koma pa maoda aakulu waufa amakupatsa kukoma kofanana tsiku lililonse, pamene wamuwisi mutu wina ukali, wina wozizira.

Gogo wa Uvuni

Onse awiri mukunena zoona, asankhe yekha mwini wake. Ine nditsirize za manja. Mtanda waukulu umanyenga, umafuna uziukanda kuti ufa wapansi pa beseni ugwirane ndi wapamwamba, ndipo ukamakanda gluten, chomata cha mu ufa wa tirigu chija, amalimba, sikono n'kutuluka yotafuna ngati mphira. Gawa pawiri. Zouma zonse ndi batala usakanize pamodzi, uike mufuriji, koma mkaka uzithira theka ndi theka, uzingosonkhanitsa mpaka ufa wouma utasowa. Yala mtanda wochindikala masentimita awiri ndi theka, upinde katatu, uyalenso. Podula dinda molunjika n'kukweza, osapotokola chodulira, chifukwa kupotokola kumamata m'mbali sikono n'kudzuka mopendekeka. Ukawayala moyandikana, ongotsala pang'ono kukhudzana, amakwera m'mwamba m'malo motambasukira m'mbali.

Wamasikono

Ndabwera ndi zotsatira. Thermometer yaonetsa kuti uvuni wanga ndikaika pa 180 umafika 165 yokha, ndiye tsopano ndikuika pa 230 kuti ndipeze 215. Batala ndapala wa mufiriza, ndatsitsa kufika 250, odikira onse mufuriji, thireyi ndikuziziritsa. Yomaliza yatuluka chimodzimodzi ndi yoyamba, pepala louma, pansi pofiirira bwino. Mkaka ndawonjezerako pang'ono poti mtanda unauma batala atachepa. Adyo ndatsata asisi a makeke pamwamba, achimwene a buledi mkati, kuwawa kwatha. Zikomo kwambiri nonse. Kuti ndisamachedwe m'mawa, ndikuganiza zosinja adyo wambiri, kumuthira m'botolo la mafuta ophikira n'kuika pashelefu, ndizingotungapo popaka.

Wasikelo

Ayi amayi, limenelo lokha musachite. Adyo amamera m'dothi, ndipo akhoza kunyamula njere za kachilombo kotchedwa Clostridium botulinum. Kameneka kamakula pamalo opanda mpweya, opanda chowawasa, ofunda, ndipo adyo womira m'mafuta pashelefu ndi malo oterowo ndendende. Poizoni wake sanunkha, sasintha mtundu wa mafuta, simungamuzindikire ndi maso kapena mphuno, koma amafooketsa minofu mpaka munthu kulephera kupuma. Tsono inu mukupaka masikono atatuluka kale mu uvuni, palibenso moto wina umene adzadutsepo, ndipo akupita kwa anthu ambiri. Adyo wam'mafuta wa m'mabotolo ogulitsa amamuthira asidi ku fakitale, n'chifukwa chake amakhala.

Ngati mukufuna kukonzeratu, sakanizani adyo ndi batala, sungani mufuriji muthe naye pasanathe masiku anayi. Kapena muumbeni ngati soseji m'pepala, muike mufiriza, m'mawa muzingodulapo chidutswa cha tsikulo n'kusungunula.

Wabuledi Usiku

Masikono omwewo mukhoza kuwadula usiku, kuwaumitsa mufiriza pa thireyi, akalimba n'kuwalongedza m'jumbo. M'mawa alowe mu uvuni ali chiumire, osawasungunula, mungowonjezera mphindi zitatu kapena zisanu. Opsawo musawatsekere m'pulasitiki akadali otentha, nthunzi imabwerera n'kunyowetsa khungu lapamwamba. Aziyamba azizira pa waya.

Wophunzira

Funso lomaliza akuluakulu. Adyo wanga ndinamusakaniza ndi batala ndi madzi a mandimu, wasanduka wobiriwira. Nditaye?

Gogo wa Uvuni

Usataye mwanawe, si kuvunda. Adyo wosinja akakumana ndi chowawasa nthawi zina amasintha mtundu chotero, kudya amadyeka bwinobwino. Koma kasitomala sangakumvetse, ndiye ameneyo mudye pakhomo, wa maoda mandimu uziwathira pomalizira adyo ataphikidwa kale mu batala.