Kodi tingalamule kompyuta m'chinenero chimene timalankhula tsiku ndi tsiku?

Msungichuma wa ku Zomba

Ndikupempha nzeru kwa inu amene mumagwira ntchito yolemba mapulogalamu a kompyuta. Ine ndine mayi wosunga chuma cha gulu la banki m'khonde la anthu 25, ndipo kwa zaka zitatu ndakhala ndikulemba masheya, ngongole ndi chindapusa m'kope. Mwezi watha mwana wa achemwali anga anandionetsa imodzi mwa mapulogalamu a AI amene munthu amacheza nawo, nandiuza kuti ndikaifotokozera zofuna zanga m'mawu wamba, idzandilembera kapulogalamu kowerengera ndalama za gulu. Ndinalemba kuti wotenga ngongole azibweza ndi chiwongoladzanja cha 20 peresenti pamwezi. Kapulogalamuko kanatulukadi, koma nditakayesa ndi ngongole ya K50,000 ya miyezi iwiri, kanapereka K72,000 pamene m'kope mwanga muli K70,000. Kodi n'zothekadi kulamula kompyuta m'chinenero wamba, ndipo ngati n'zotheka, ndi nzeru kudalira njira imeneyi pa ndalama za anthu?

Wolemba mapulogalamu, Lilongwe

Mayi, kapulogalamu kanu sikanaphonye masamu. Pa mwezi wachiwiri kanawerengera 20 peresenti pa K60,000, kutanthauza ngongole pamodzi ndi chiwongoladzanja cha mwezi woyamba, pamene gulu lanu limawerengera pa K50,000 yoyamba ija mwezi uliwonse. Chiganizo chimene munalemba chimalola njira ziwiri zonsezi. Anzanu a m'gulu sasokonezeka nacho chifukwa munamvana kale pa misonkhano yanu, koma makina sanakhale nawo pa misonkhanoyo, choncho anasankha okha njira imodzi osakuuzani.

Loto lolamula kompyuta m'mawu a anthu ndi lakale ndithu. M'zaka za m'ma 1950, katswiri wa kompyuta wa ku America, Grace Hopper, ndi anzake anapanga FLOW-MATIC, chinenero cha kompyuta chogwiritsa ntchito mawu a Chingerezi, ndipo kuchokera pamenepo munabadwa chinenero china chotchedwa COBOL mu 1959, imene mpaka lero ikugwirabe ntchito m'mabanki ambiri akuluakulu. Mu COBOL munthu amalemba kuti ADD A TO B GIVING C, zimene zimawerengeka ngati chiganizo. Mu 1974 Donald Chamberlin ndi Raymond Boyce a ku kampani ya IBM anatulutsa SEQUEL, chinenero chofunsira zimene zasungidwa mu kompyuta, imene lero timaitcha SQL, ndipo chilembo E cha m'dzina loyambalo chinkaimira English. Komabe zinenero zimenezi zinangobwereka mawu a Chingerezi, sizinabwereke ufulu wake. Mu COBOL yakale, kadontho kotsekera chiganizo kakaikidwa pamalo olakwika kankasintha pamene lamulo la IF (lotanthauza "ngati") likuthera, ndipo pulogalamu yonse inkachita zina. Olemba COBOL anafunikabe maphunziro monga a ntchito ina iliyonse.

Mphunzitsi wa masamu, Dedza

Ndikugwirizana ndi achimwene a ku Lilongwe, ndipo ndikufuna kuonjezera kuti vuto lenileni lili m'chibadwa cha chinenero cha anthu, osati m'kuchepa kwa nzeru za makina. Edsger Dijkstra, katswiri wa ku Netherlands, analemba kankhani kakafupi mu 1978 kotsutsa ganizo lolamula kompyuta m'mawu wamba. Mfundo yake inali yakuti masamu anapita patsogolo kwambiri pamene anthu monga Vieta, Descartes, Leibniz ndi Boole anasiya kufotokoza zonse m'ziganizo nayamba kugwiritsa ntchito zizindikiro, chifukwa zizindikiro zimakana kulemba zinthu zambiri zopanda tanthauzo zimene mawu wamba amazilola mosavuta. Kwa iye zizindikiro zinali mwayi, osati katundu wolemetsa.

Tiyese ndi Chichewa chathu chomwe, chimene ndimachikonda ndipo ndimachigwiritsa ntchito m'kalasi pamene ana asokonezeka. Ndikalemba kuti "perekani mabuku asanu ndi awiri kwa Chisomo ndi Mphatso", wina amva mabuku 7 oti ana awiriwo agawane, wina amva kuti asanu apite kwa woyamba ndipo awiri kwa wachiwiri. Ndikalemba kuti "mphunzitsi anauza mwana kuti abweretse buku lake", palibe chimene chikusonyeza mwini bukulo. Liwu lakuti "mtengo" pa pepala ndi limodzi, kaya tikunena wa mango kapena wa shuga pa msika. Pocheza zimenezi sizivuta chifukwa timaona nkhope, timamva kakwezedwe ka mawu, ndipo tikakayika timafunsa. Kusamangika kumeneku ndiko kumapatsa miyambi ndi ndakatulo kukoma, koma pa ndalama za anthu 25 ndiko kumabala mkangano. Chifukwa chake ine ndikuti mawu wamba asakhale malo omaliza osungirako lamulo la kawerengedwe.

Mkonzamafoni, Johannesburg

Aphunzitsi, zitsanzo zanu ndazimva, koma ndiloleni ndisiyane nanu pang'ono. Pamene Dijkstra ankalemba, panalibe makina otha kuwerenga ndime yonse ya mawu wamba n'kutulutsa code, kutanthauza malamulo olembedwa m'chinenero cha kompyuta, yogwira ntchito. GitHub Copilot, AI yothandiza kulemba code, inatuluka mu 2021, ChatGPT, AI yocheza nayo, mu Novembala 2022, ndipo mu Januwale 2023 katswiri wa AI Andrej Karpathy analemba pa Twitter kuti chinenero chatsopano cha mapulogalamu chimene chatchuka kwambiri ndi Chingerezi. Taonani zimene zachitika kwa mayi athuwa: munthu amene sanaphunzirepo chinenero cha kompyuta monga Python wapeza kapulogalamu tsiku limodzi, wakayesa yekha, ndipo wagwira kusiyana kwa K2,000. Kale akanafunika kulipira munthu kapena kungokhala ndi kope lawo.

Pali chinanso chimene chimandikhudza mtima. Mwana wa kwathu akafuna kuphunzira kulemba mapulogalamu amakumana ndi mipanda iwiri, wa kaganizidwe ka makina ndi wa Chingerezi, popeza mawu monga if, while ndi print, komanso mauthenga onena za zolakwika, ali m'Chingerezi. Anthu a zinenero zina anachepetsako vutoli: mu pulogalamu yowerengera ya Excel ya Chijeremani lamulo lophatikiza ndi SUMME, ndipo mu ya Chifalansa ndi SOMME. Chichewa chinalowa mu Google Translate mu 2014, komabe mapulogalamu a AI amachimva mopereŵera poyerekeza ndi Chingerezi chifukwa zolembedwa m'Chichewa pa intaneti n'zochepa. Ngati titseka khomo la mawu wamba, amene adzatsala kunja ndi anthu athu omwe.

Wolemba mapulogalamu, Lilongwe

Achimwene, khomo limenelo sindikufuna kulitseka, ndipo ndimalowerapo ndekha pa ntchito yanga. Koma tisiyanitse zinthu ziwiri. Pamene mayiwa analemba chiganizo chawo, kompyuta sinatsatire chiganizocho. AI inachimasulira n'kulemba code, ndipo code imeneyo ndi imene inawerengera ndalama. Mukapereka pempho lomwelo kawiri mukhoza kulandira code yosiyana, pamene code imodzi ikapatsidwa manambala omwewo imapereka yankho lomwelo. Choncho chosungidwa ndi chodaliridwa chikhale code imene yayesedwa, osati pempho.

Mayi, muchite motere. Tengani ngongole khumi zakale zimene gulu linazivomereza kale m'kope, ndipo pakati pa izo pakhale zovuta: wina amene anabweza theka, wina amene anachedwa ndi sabata imodzi, wina amene anatenga ngongole pakati pa mwezi. Muuze AI kuti isanalembe chilichonse ikufunseni mafunso pa mfundo iliyonse imene ingamveke pawiri. Kenako lowetsani ngongole khumi zija, ndipo kapulogalamuko musakagwiritse ntchito mpaka mayankho onse atafanana ndi a m'kope. Kope lenilenilo musalitaye, makamaka pa nthawi yogawana ndalama kumapeto kwa chaka.

Msungichuma wa ku Zomba

Zikomo kwambiri nonse. Ndatsatira malangizowa dzulo madzulo, ndipo ngongole zisanu ndi zitatu, kutanthauza 8, zafanana ndi za m'kope. Ziwiri zotsalazo ndi za anthu amene anabweza theka, ndipo nditafufuza ndapeza kuti malamulo a gulu lathu sanena ngati ndalama yobwezedwa pang'ono imayamba kuchotsa chiwongoladzanja kapena ngongole yeniyeni. M'kope momwemo ndaona kuti mlembi wakale ankachita njira imodzi ndipo ine ndakhala ndikuchita ina, popanda aliyense kuzindikira. Ndikaika nkhaniyi pamaso pa gulu pa msonkhano wa Lachiwiri kuti tigwirizane njira imodzi ndi kuilemba m'malamulo pamodzi ndi chitsanzo cha manambala. Aphunzitsi a ku Dedza, kodi mungandithandize kulemba mfundo imeneyi m'Chichewa chosalola matanthauzo awiri ndisanapite kumsonkhanoko?