Ndewu ya malupanga ikuoneka ngati yamasewera, ndipo tikujambula Loweruka

WaKamera:
Akuluakulu ndithandizeni, mutu waima. Tikujambula kafilimu kakafupi, dayilekita akufuna ndewu ya malupanga pamasitepe, munthu wovala chigoba kumaso ngati Zorro, mphindi imodzi ndi theka. Malupanga anatipangira wowotcherera, flat bar, tinangopala ndi gulayinda kuti asatheme. Dzulo tayeserera tsiku lonse. Ndajambula pa mafelemu 25 pa sekondi, shutter (nthawi imene kamera imatsegukira kuwala pa felemu iliyonse) 1/50, lenzi ya 24mm. Ndikaika pa laputopu zikungooneka ngati anyamata awiri akugogodetsa makasu kuti dothi lichoke. Khang'a khang'a pakatikati, palibe amene akuoneka kuti akufuna kupha mnzake. Ndikati fulumirani ndiye zoopsa, mmodzi wang'ambika kale pachala, magazi mpaka pa malaya, ndipo malayawo ndi amodzi omwewo. Pofika teki ya 6 mikono yalema, lupanga likungolendewera. Malowo atipatsa Loweruka lokha, 7 koloko mpaka 1. Kamera ndi imodzi. Za gimbal, chogwirira kamera kuti isagwedezeke, musandiuze, ndilibe.

MadalaAZisudzo:
Mwana wanga, musanakambe za lenzi, chotsani zitsulozo pa seti lero lomwe. Flat bar ngakhale muipale bwanji, ikamenyana ndi inzake imamera timano m'mbalimu. Pitani mukayendetse nsalu pa lupangalo muone mmene ikolere. Timano timeneto ndi timene tang'amba chala cha mnyamatayo, mawa tidzang'amba chikope.

Ine ndinaphunzira movutikira. Kale tikukonza Romeo and Juliet ndi ana a sekondale ina, ndewu ya Tybalt ndi Mercutio, malupanga tinapangitsa ku sipilingi ya galimoto chifukwa timafuna kuti azilira bwino muholo. Analiradi. Tsiku la chionetsero chigwiriro chinathyoka pomwe anaotcherera, chitsulo chonse chinauluka n'kukamenya benchi ya kutsogolo, pakati pa ana awiri. Holo inaombera m'manja kuganiza kuti ndi mbali ya sewero. Ine miyendo inachita zii, ndinakhala pansi kuseri kwa katani. Kuchokera tsiku limenelo chitsulo chootcherera sichilowa pa siteji yanga.

AMapulopu:
Madala ulemu wanu, koma vuto linali wowotcherera wanuyo, osati chitsulo. Chitsulo ndi chitsulo basi. Mukapatsa munthu kamtengo kopaka siliva, kamera imaona. Dzanja limayenda mopepuka ngati akugwira mthiko. Achimwene WaKamera, pitirizani ndi zomwezo, ingowavekani magolovesi achikopa.

MayiWaEditi:
Ndaona kakilipu mwaponya kaja. Vuto lanu si kamera. Anyamatawo akulunjika lupanga la mnzake, osati thupi la mnzake. Onani pa sekondi ya 12, wachigobayo akutema mphepo pamwamba pa mutu, ndipo winayo wakweza kale lupanga kudikira asanatemedwe. Woonera sangathe kufotokoza, koma maso ake akudziwa kuti pamenepo palibe ngozi.

A zisudzo za ndewu amaphunzitsa malo asanu: mwendo uku, mwendo uko, phewa uku, phewa uko, ndi pamutu. Aliyense ali ndi nambala. Ndewu yonse imalembedwa papepala ngati nyimbo, uyu atema 3, uyo atchinga, abweza 5. Wotema ayambe waonetsa ndi phewa kuti ndikubwera uku, wotchinga ayankhe, kenako nkhonya ifike. Ndipo aime motalikirana moti ngakhale wina ataiwala kutchinga, nsonga isafike pathupi.

Apa ndi pamene 24 yanuyo ikukupwetekani. Lenzi yotakata imaonetsa mpata wonse. Bwererani kumbuyo, ikani 50 kapena 85 ngati mungabwereke, mujambule kuchokera kumbuyo kwa phewa la mmodzi kuti matupi asanjikizane. Mpata wa dzanja lathunthu umaoneka ngati lupanga lapita pakhosi. Musajambule ali mbali ndi mbali ngati nkhonya za pa TV, kupatula shoti imodzi yoonetsa malo.

Ndipo mphindi imodzi ndi theka musaijambule kamodzi. Iduleni m'tizigawo ta nkhonya zisanu kapena zisanu ndi imodzi. Kachigawo kalikonse ayeserere ngati akuyenda m'madzi mpaka atatopa nako, ndiye muonjezere liwiro pang'ono pang'ono.

WaSaundi:
Kuonjezera pa za mayi. Kulira kwa malupanga kumene mumamva m'mafilimu sikujambulidwa pa seti. Kumaikidwa pambuyo. Ine ndimatenga mipeni iwiri ikuluikulu ya kukhitchini, chikwanje ndi kapaipi, ndimalowa m'chipinda usiku agalu atasiya kuuwa, ndimagogoda ndi kukhulitsa mosiyanasiyana. Mphepo ya lupanga ndi kansungwi kopyapyala kokwapulidwa pafupi ndi maiki. Lija liwu la "shiiing" posolola lupanga m'chimake, chikopa sichilira choncho, ndi mpeni wokhulidwa pa chitsulo china. Ndiye amene akusunga flat bar chifukwa cha kulira akuvulaza ana a eni pachabe. Pa seti ndijambulireni mapazi, kupuma ndi kubuula basi, zinazo ndi zanga.

AMapulopu:
Ine sindinanene za kulira. Ndanena za kulemera. Saundi mungaike, kulemera simungaike pa kompyuta. Munthu akanyamula chitsulo mtsempha wa pamkono umatuluka, nkhope imasintha. Chitsulo ndi chitsulo.

MayiWaEditi:
Bambo, kulemera kumaseweredwa ngati mmene kulira misozi kumaseweredwera. Ku Japan mafilimu ambiri a asamurai anajambulidwa ndi malupanga a nsungwi kapena mtengo wopepuka omata kapepala konyezimira, ndipo palibe anatuluka muholo kudandaula. Ku Hollywood masiku ano a ndewu ambiri ndi aluminiyamu kapena labala, lachitsulo lokongola lija limatulutsidwa pa close-up, munthu ataima phee.

Komanso lupanga lenileni lomenyera nkhondo silolemera mmene anthu amaganizira, ambiri amangopitirira kilo imodzi pang'ono. Flat bar ya wowotcherera yosapsatidwa kunsonga imakokera kutsogolo, nchifukwa chake mikono ikulema pa teki ya 6. Dzanja lotopa silitha kuimitsa nkhonya.

MadalaAZisudzo:
Ndionjezepo kuti achinyamata amve. Kunali katswiri wa ku Britain, Bob Anderson, anapikisana nawo pa masewera a malupanga ku Olympics ya 1952 ku Helsinki. Ndi yemwe pambuyo pake anavala chigoba cha Darth Vader pa ndewu za mu mafilimu a Star Wars a 1980 ndi 1983, n'kudzaphunzitsanso Antonio Banderas pa Zorro wa 1998. Munthu ameneyo, akuyamba kumene ntchito ya mafilimu, anacheka Errol Flynn, wosewera mafilimu wotchuka, pantchafu mwangozi. Katswiri wa Olympics, ndi Flynn amene anali atamenya kale ndewu zotere zaka zambiri. Ndiye inu ndi anyamata amene agwira lupanga koyamba Lachiwiri, pamasitepe, ndi flat bar?

Masitepewo ndiwo akundiopsa kwambiri. Wa pamwamba akatema, nsonga imafika pa maso a wa pansi. Wobwerera chambuyo saona pomwe akuponda. Chigoba chija chimatseka maso a m'mbali, ndipo ndewu yonseyi imadalira kuti awiriwo aziyang'anana m'maso. Kuzani mabowo a chigobacho. Yang'anani nsapato, ngati ndi zija za pansi poterera matani labala. Pakhale mawu amodzi amene aliyense pa seti akawafuula zonse ziima, ngakhale wogwira reflector. Ndipo wina aliyense asagwire malupanga pa nthawi ya nkhomaliro, ngozi zambiri ndaziona pamene anthu akuseweretsa kuti ajambulitse za pa WhatsApp.

WaKamera:
Zikomo nonse. Ndalankhula ndi dayilekita, nsungwi wakana, akuti zioneka za ku Sunday school. Aluminiyamu wavomera koma tiipeza kuti pofika Lachisanu? Ya mafelemu a mawindo ija ingagwire? Komanso bwanji ndingowasiya azimenyana pang'onopang'ono ndikathamangitse pa editi?

MayiWaEditi:
Ya mawindo ayi, ndi yobowoka mkati, ipindika pa nkhonya yoyamba ndipo m'mbali mwake imacheka. Mufunse flat bar ya aluminiyamu yochindikala kwa ogulitsa zitsulo, idulidwe chidutswa chimodzi kuyambira kunsonga mpaka kuchigwiriro, popanda kuotcherera. Nsonga ikhale yozungulira ngati ndalama yachitsulo. Imameranso mano, choncho fayilo ikhale m'thumba, kupala pakati pa mateki.

Kuthamangitsa ndi njira yakale. Ankajambula pa mafelemu 22 pa sekondi n'kuonetsa pa 24, a ku Hong Kong anaigwiritsa ntchito kwambiri. Kwa inu ndi ngati kuika liwiro pa 108 kapena 110 pa 100. Mukapitirira apo nsalu, fumbi ndi mapazi zimakuululani, anthu amayenda ngati Charlie Chaplin. Chimene ine ndimachita ndi kuchotsa felemu imodzi kapena ziwiri nkhonya isanafike, imamveka yamphamvu. Shutter yesani 1/100, lupanga lioneka bwino m'malo mongokhala utsi, ndipo magetsi athu a 50 hertz sakuphethirani. Mukakweza kwambiri zikhala zodumphadumpha, ena amazikonda, ine zimandipweteka maso.

Dayilekita wanuyo muonetseni ndewu yomaliza ya Robin Hood wa 1938, Flynn ndi Basil Rathbone. Ilinso pamasitepe. Pali pena pamene awiriwo amatuluka mu felemu, timangoona zithunzithunzi zawo zikuluzikulu zikumenyana pa chipilala. Nyali imodzi pansi, khoma loyera, mwapeza masekondi khumi popanda woyandikira mnzake, ndipo chithunzithunzi sichinena ngati ndi nsungwi. Anakonza ndewuyo ndi Fred Cavens, ndipo njira yake inali yokuza dala nkhonya iliyonse, chifukwa kumenyana kwenikweni kwa malupanga ndi kwakung'ono ndi kothamanga, kamera siona kanthu.

MadalaAZisudzo:
Rathbone uja ndiye ankadziwadi lupanga kuposa amene ankamupha. Ntchito yake inali kugonja mokongola. Anaseweraponso Tybalt mu 1936, uko ndiye anapatsidwako mwayi wobaya munthu. Phunziro kwa inu WaKamera, mwa anyamata awiriwo, amene ali ndi mapazi abwino ndi mutu wozizira mpatseni mbali ya woipa. Iyeyo ndi amene amasunga mpata ndi kuteteza mnzake. Ngati pali wovina beni kapena wa kwaya amene amasunga sitepe, ameneyo amagwira msanga kuposa wa karate. Wa karate amafuna kupambana.

AMapulopu:
Ndiye mwanena nokha. Mu 1938 Flynn ankagwira nsungwi?  Ine ndapanga mapulopu zaka zambiri sindinaphe munthu.

WaSaundi:
Akulu, Flynn anali ndi mphunzitsi, masabata oyeserera, omulowera m'malo pa zoopsa ndi situdiyo ya Warner kumbuyo kwake. Awa ali ndi Lachisanu. Awiri aja a mu The Princess Bride ya 1987 anaphunzira miyezi, manja onse awiri, kuti apange ndewu ya mphindi pafupifupi zitatu. Komanso paja chaka chatha pa seti ija ya kumudzi, amene anasokedwa pamphumi ndi chikwanje "chosathwa" anali ndani? Ine ndinali nditavala mahedifoni, kulira kwake ndikukumvabe.

AMapulopu:
Uja anaponda molakwika yekha. Chikwanje chinalibe mlandu.

DJWaVideoShow:
Ndilowepo ngakhale sindine wa kamera. Ine ndamasulira mafilimu a malupanga osawerengeka, ndipo ndimamva pamene holo imakuwa. Sikuti imakuwa pa khang'a khang'a. Imakuwa munthu akadumphira patebulo, akazimitsa kandulo ndi lupanga, akalendewera pa chingwe, akaseka mdani wake pakati pa ndewu. Douglas Fairbanks anayambitsa Zorro wa pa kanema mu 1920, filimu yopanda mawu, ndipo chimene anthu ankapitira ndi kudumpha kwakeko. Ndiye pa mphindi ndi theka yanuyo, malupanga akhudzane mwina masekondi 30 okha. Kwinako wachigobayo agende dengu la tomato, azembe kuseri kwa chipilala, adule lamba wa mnzakeyo buluku ligwe. Buluku likagwa holo yonse ndi yanu.

MayiWaEditi:
Zoona, ndipo kutopa kuja musakutaye. William Hobbs, wokonza ndewu, pa The Three Musketeers wa 1973 anapanga dala kuti anthu aziterereka, azipuma mwawefuwefu, aziponyerana chilichonse chili pafupi. Koma kutopa kosewera, osati kwa flat bar.

MadalaAZisudzo:
Ine funso langa lina, n'chifukwa chiyani malupanga a azungu? Angoni ankamenya ndi nthungo yaifupi, chibonga ndi chishango cha chikopa cha ng'ombe. Pitani ku Ntcheu kapena ku Mzimba mukaone ingoma, mapazi ndi kaimidwe zilipo kale, anthu akudziwa kuseweretsa zida moyandikana osakhudzana. Palibe amene wajambula ndewu ya chishango bwinobwino kuno, tonse tikuthamangira chigoba chakuda.

DJWaVideoShow:
Madala, imeneyo ndingaimasulire ulele. Koma chishango chenicheni mtengo wake mukuudziwa?

AMapulopu:
Zishango ndimapanga. Koma nthungo ikhale yachitsulo.

WaSaundi:
WaKamera, lero Lolemba, zinatha bwanji? Aluminiyamu inapezeka? Mafayilo a mapazi aja simunanditumizire.

DJWaVideoShow:
Mwa njira, alipo ali ndi lenzi ya 85 ya Canon yobwereketsa Loweruka likubwerali? Mlamu wanga ali ndi ukwati woti ajambule ku Lunzu.