Ndithandizeni pa za Evan Goldberg

Anzanga okonda mafilimu, ndikupempha thandizo. Ndakhala ndikutsatira ntchito za Evan Goldberg, wolemba mafilimu wa ku Vancouver, m'dziko la Canada. Iye ndi mnzake Seth Rogen adayamba kulemba Superbad ali anyamata a zaka 13, koma filimuyo idadzatuluka mu 2007. Pakati apo adalembako nthabwala za pulogalamu ya pa TV ya Da Ali G Show, ndipo kenako awiriwa adatsogolera okha kujambula filimu ya This Is the End, yomwe idatuluka mu 2013.

Rogen aliyense amamudziwa nkhope, pomwe Goldberg amangokhala kuseri kwa kamera. Kodi polemba amagawana bwanji ntchito? Akasiyana maganizo pa nthabwala, amagamula ndani? Ine ndi mnzanga timalembera limodzi masewero oseketsa, ndiye amene mudamvapo Goldberg akufotokoza yekha zimenezi, chonde ndilozereni komwe ndingakazipeze.