Thandizeni: ndikufuna mabuku a nkhani zachikondi ndi za mabanja akale

Moni nonse abale ndi alongo, ndikhulupirira mwadzuka bwino.

Ndikusakasaka buku la nkhani yaitali yachikondi yochitika kalekale, yotsata banja limodzi kuyambira agogo mpaka zidzukulu. Ndikufunira amayi anga. Maso awo afooka, ndiye madzulo ndimawawerengera ine, ndipo Chingerezi sachimva kwenikweni.

Amakonda za nthawi ya thangata m'minda ya azungu ku Thyolo ndi Mulanje, za njala ya 1949, makamaka za amuna opita ku Joni kudzera ku Wenela, mkazi n'kutsala akulima yekha, mwana kumsana, kudikira kalata yosabwera. Koma isakhale ya misozi yokhayokha ayi, akuti mavuto anawaona okwanira.

Ndayendayenda m'masitolo a mabuku ku Limbe ndi Blantyre, ambiri ndi a sukulu. Kwa ogulitsa mabuku akale m'mbali mwa msewu ndangopeza a Chingerezi, a mabwana ndi madona a ku England. Pa intaneti pali tinkhani tifupitifupi, totha tiyi asanazizire.

Kodi alipo akudziwa buku lotere, la Chichewa kapena Chinyanja cha ku Zambia? Ndingalipeze kuti, pa mtengo wanji? Ngakhale lobwereka, lothothoka chikuto, ndilandira. Ndili ku Ndirande.

Zikomo kwambiri.