Gulu la a care (ogwira ntchito yosamalira okalamba ndi odwala) ku UK: ndaitanidwa ku Onam mawa

Mlendo wa ku Leicester: Abale thandizeni msanga. Nesi wamkulu kuntchito kwathu, mayi wachimwenye wa ku Kerala, wandiitanira kwawo mawa ku chikondwerero cha Onam. Ndivale chiyani? Nanga ndinyamule chiyani?

Achimwene a ku Luton: Ine ndinapitako kwa wina chaka chatha. Kukhitchini ndinapezako bambo, thaulo paphewa, akukazinga nthochi! Mayi anali atangoweruka ya usiku, ali mtulo. Iwowa amatsogola ndi mkazi pa visa ya unesi, mwamuna amabwera pambuyo, ndiye kuphika ndi kuperekeza ana kusukulu zimakhala zake.

Anti a ku Coventry: Abambo a m'gulu muno mwamvatu? Kkkkk

Malume a ku Leeds: Musanamizane. Kwawoko mkazi alibe mawu. Makolo ake amachita kulipira dowry kuti akwatiwe.

Nesi wa ku Bradford: Malume, dowry inaletsedwa mu 1961, ngakhale ambiri akuperekabe. Mnzanga wa pa wodi amagwira ma shift owonjezera kusonkhera ukwati wa mng'ono wake, zimandimvetsa chisoni. Koma zasintha. Kuyambira 2005 mwana wamkazi wachihindu ali ndi gawo lofanana ndi mlongo wake pa chuma cha makolo. Mayi ake a mnzangayo ali mu Kudumbashree, magulu a amayi omwe boma la Kerala linayambitsa mu 1998, ngati banki m'khonde yathu ija. Ndipo nyumba kwawo wamanga ndi mnzangayo.

Malume a ku Leeds: Ine amwenye ndinayamba kuwadziwa ku Limbe inu musanabadwe. Sadya nyama onsewo.

Nesi wa ku Bradford: Ayi malume, a ku Kerala ambiri nsomba amadya, ng'ombe yomwe. Koma chakudya cha Onam kawirikawiri chimakhala chamasamba, mpunga ndi ndiwo zambirimbiri pa tsamba la nthochi. Mng'ono wanga, idya ndi dzanja lamanja, nsapato uvule pakhomo. Nyamula zipatso.

Anti a ku Coventry: Iwe mlendo, usakapempheretu kusintha rota (ndandanda wa ma shift) pa chakudya. Za kubweretsa amuna ako usakayambitsenso, ife a care boma la UK linatitsekera mu Malichi 2024. Manesi ndiwo akubwerabe ndi mabanja. Muzifunsa kaye akuluakulu!

Achimwene a ku Luton: Tsamba la nthochi mwandikumbutsa ku Thyolo. Mayi anga, zitumbuwa zotentha m'mawa. Eee, mtima wawawa.

Mayi a ku Hull: Alipo akutsika ku Chileka mwezi uno? Ndili ndi mankhwala a BP a agogo, kathumba kakang'ono chabe.