Morning Joe inayamba bwanji?

Nachisale: Akuluakulu, pulogalamu ya m'mawa ya Morning Joe, yomwe inayambira pa MSNBC, kanema wa nkhani wa ku America, inachokera kuti?

Gogo Wailesi: Inalowa m'malo mwa Imus in the Morning, pulogalamu ya wailesi yomwe MSNBC inkaionetsanso pa kanema kuyambira 1996. Mu Epulo 2007, woulutsa wake Don Imus ananyoza atsikana osewera basketball a pa yunivesite ya Rutgers. Otsatsa malonda anathawa, pulogalamu n'kutha pa MSNBC.

Mbewe: Zoona achimwene. Kenako anayesa anthu angapo pampandowo. Joe Scarborough, yemwe kale anali phungu wa ku Florida, anakhazikika pamodzi ndi Mika Brzezinski ndi Willie Geist. Morning Joe inkatenga maola atatu kuyambira 6 koloko, nthawi ya New York. Mu 2022 anawonjezera ola lachinayi, lomwe kwa ine linali lotopetsa.